Akuti khanda langa libayidwe nirsevimab chisanu chisanafike, ndivomere?

"Adokotala, ndine Mmalawi, ndimakhala ku Leeds ku England. Mwana wanga wamkazi anabadwa mu Julayi, mimba ili ndi masabata 30 okha. Tinakhalitsa m'chipatala, koma pano tili kunyumba ndipo akuyamwa bwino. Anesi atiuza kuti chisanu chisanayambe abayidwe jakisoni wotchedwa nirsevimab, womuteteza ku kachilombo ka RSV. Akuti si katemera, ndi monoclonal antibody. Bambo ake akuti mankhwala a dzina limeneli ndi aja ankapatsa odwala Covid kenako n'kuwasiya. Apongozi anga kumudzi akuti tisalole, mwanayu wabayidwa kale kokwanira, ndipo mwina akufuna kuyeserera mankhwala pa mwana wachikuda. Ine ndimaganiza kuti tidikire, akadzadwala ndiye adzamubaye. Tikufunanso kupita naye kumudzi mu Januwale. Mng'ono wanga ku Zomba ndi woyembekezera, kodi ndingamugulire jakisoniyu n'kumutengera?"

Mayi, zikomo pondilembera, ndipo ndiyambe ndi kukuyamikirani. Kulera mwana wobadwa pa masabata 30 mpaka kutuluka naye m'chipatala akuyamwa yekha si ntchito yamasewera. Amene sanakhalepo pambali pa kabokosi kagalasi kaja, kufinya mkaka usiku n'kumauyeza ndi sirinji, sangamvetse zimene mwadutsamo. Mukamakayikira jakisoni wina sindikudabwa, ndipo kufunsa si mlandu.

Yankho langa ndi lakuti vomerani, ndipo musadikire kuti adwale. Ndagwira ntchito m'mawodi a ana kwa zaka zambiri, kwathu ndi kuno, ndipo mwana ngati wanuyu ndi amene mankhwalawa anakonzedwera. Koma ndikufuna muvomere mukudziwa chimene chikulowa m'ntchafu mwa mwana wanu, kuti muthe kuwafotokozera bambo ake ndi apongozi anu ndi pakamwa panu.

Kachilombo ka RSV si kachilendo. Asayansi anakazindikira m'ma 1950, ndipo kali paliponse, ku Leeds ngakhalenso ku Zomba. Pafupifupi mwana aliyense amakhala atakatengapo asanakwanitse zaka 2. Inu ndi ine timakatenga mobwerezabwereza, timangoti ndi chimfine, timamina n'kupita kuntchito. Nkhani imavuta pa khanda. Timachubu todutsa mpweya m'mapapo mwake n'tating'ono kwambiri. Kachilomboka kakatsikira kumeneko kamapha maselo a mkati mwa timachubuto, timatupa, ndipo makhololo ndi maselo akufawo amatseka njira. Achipatala matendawa amawatcha bronchiolitis. Kwathu mayi amangoti mwana wabanika, ena amati chibayo.

Mwana wotere amadziwika tisanamuike n'komwe choyezera pachifuwa. Amagwira bere, kuyamwa kawiri katatu, n'kulisiya kuti apume, kenako n'kulira chifukwa njala ikadalipo. Timabowo ta mphuno timatseguka n'kutsekeka, pansi pa nthiti pamalowa mkati akamakoka mpweya, kamutu kamagwedera pa mpweya uliwonse. Kwa obadwa masiku asanakwane pali chinanso choopsa: ena satsokomola n'komwe, amangosiya kupuma kwa kanthawi ali m'tulo.

Ku UK ana pafupifupi 30,000 osakwana zaka 5 amagonekedwa m'chipatala chaka chilichonse chifukwa cha kachilomboka, kuyambira Okutobala mpaka Malichi, ndipo mu Disembala ndi mmene mawodi amadzazira. Pa dziko lonse, mu 2019 ana pafupifupi 3.6 miliyoni anagonekedwa ndipo oposa 100,000 anamwalira. Mwa omwalirawo, 97 pa 100 alionse anali a m'mayiko osauka ndi opeza pakatikati.

Wanuyu ali pachiopsezo choposa anzake pa zifukwa ziwiri. Mapapo ake anayamba ntchito asanakhwime, ndipo anabadwa ndi chitetezo chochepa. Chitetezo chimene khanda limabadwa nacho n'cha mayi ake, chimene chimawoloka kudzera mu nsengwa, ndipo chochuluka chimawoloka m'masabata omalizira a mimba. Mwana wanu anatuluka ntchitoyo itangoyamba. Kuyambira Seputembala 2024 amayi oyembekezera ku England amapatsidwa katemera wa RSV mimba ikafika masabata 28, koma katemerayo amafuna masabata awiri kapena kuposa kuti chitetezo chipangike n'kuyamba kuwoloka. Ngakhale mutakhala kuti munabayidwa, chimene chinamufikira n'chochepa. Pofuna kutseka mpata umenewu, kumapeto kwa Seputembala 2025 a NHS, omwe amayendetsa zipatala za boma kuno, anayamba kupereka nirsevimab kwa makanda obadwa masabata 32 asanakwane, ndiponso kwa ena amene ali ndi matenda aakulu a mtima, a mapapo kapena a chitetezo cha m'thupi.

Tsopano dzina lovutali. Thupi likakumana ndi kachilombo limapanga timapuloteni totchedwa ma antibody, ena mwa aja timawatchula kuti asilikali a m'thupi. Amenewa amakakamira pa kachilomboko kuti kalephere kulowa m'maselo. Thupi limapanga mitundu yambirimbiri, ina yamphamvu, ina yofooka. Mu 1975, ku Cambridge konkuno ku England, Georges Köhler ndi César Milstein anapeza njira yotengera selo limodzi lopanga mtundu umodzi wa antibody, n'kulichulukitsa kuti lizipanga womwewo wokhawokha, ndipo mu 1984 anapatsidwa mphoto ya Nobel. Choncho monoclonal antibody ndi antibody wa mtundu umodzi, wosankhidwa chifukwa cha mphamvu zake, wopangidwa wambiri m'fakitale. Mankhwala ambiri a khansa, a nyamakazi ndi a mphumu yovuta masiku ano ndi a m'gulu limeneli, kuphatikizapo awiri amene anachepetsa imfa za Ebola ku Congo.

Nirsevimab amakakamira pa puloteni imodzi ya kunja kwa kachilombo ka RSV, yotchedwa F, imene kamalowera nayo m'selo. Puloteniyi imasintha maonekedwe ikangogwira ntchito yake, ndipo kwa zaka zambiri ofufuza ankaiona itasintha kale. Mu 2013 Jason McLellan, Barney Graham ndi anzawo ku America anakwanitsa kuijambula isanasinthe, ndipo malo ake ofooka anaonekera. Akatemera a RSV amene alipo lero, pamodzi ndi nirsevimab, amalunjika pa maonekedwe amenewo. M'jakisoniyo mulibe kachilombo, kamoyo kapena kakufa, choncho sangamudwalitse RSV. Mulibenso magazi a munthu, amapangidwa ndi maselo osungidwa m'matanki. Izi ndimazinena dala, chifukwa alipo makolo amene chipembedzo chawo sichilola magazi, ndipo ambiri amaopa kufunsa.

Anesi ananena zoona kuti si katemera. Katemera amaphunzitsa thupi kupanga asilikali akeake, ndipo kuphunzirako kumatenga masabata. Jakisoniyu saphunzitsa kanthu. Ali ngati aganyu: amabwera ndi makasu awo, amayamba kupalira tsiku lomwelo, nyengo ikatha amapita, ndipo mwini munda satsala ndi luso latsopano. Antibody wamba amachepa ndi theka m'magazi pakatha masabata atatu. Opanga nirsevimab anasintha tizigawo titatu kumchira kwake kuti thupi lisamuphwanye msanga, moti amatenga masiku pafupifupi 70 kuti achepe ndi theka. Jakisoni mmodzi amateteza miyezi yosachepera 5, ndiye kuti chisanu chonse. Mwana wosakwana makilogalamu 5 amalandira mamiligalamu 50, wa makilogalamu 5 kapena kuposa amalandira 100, pa mnofu wa pantchafu.

Asanabwere ameneyu tinali ndi palivizumab, amene anavomerezedwa mu 1998. Ankagwira ntchito ndithu, ankachepetsa ogonekedwa ndi theka ndi pang'ono, koma ankafunika kubaya mwezi uliwonse mpaka kasanu pa nyengo imodzi, ndipo ankadula kwambiri moti ankaperekedwa kwa ana ochepa odwalika zedi. Makolo ankayenda ndi khanda m'chisanu mwezi ndi mwezi, kukakhala pa benchi limodzi ndi ana otsokomola. Pa dandaulo la apongozi loti mwana wabayidwa kokwanira, wanuyu wapeza zinthu zitapepuka. Abayidwa kamodzi basi.

Kafukufuku amene akukhudza mwana wanu mwachindunji anasindikizidwa mu 2020. Anatenga makanda 1,453 obadwa pa masabata 29 mpaka 34, ena anabayidwa nirsevimab, ena madzi opanda mankhwala. Mwa olandira mankhwala, odwala RSV ya m'mapapo mpaka kufuna chithandizo cha kuchipatala anachepa ndi 70 peresenti, ndipo ogonekedwa anachepa ndi 78 peresenti. Kafukufuku wina wotchedwa HARMONIE, wa makanda oposa 8,000 ku UK, France ndi Germany, anapeza kuti ogonekedwa chifukwa cha RSV anachepa ndi 83 peresenti. Ku Galicia ku Spain, kumene mu 2023 anayamba kubaya makanda onse, zotsatira zinafanana ndi zimenezi. Komabe 80 si 100. Mwana wobayidwa angadwalebe chimfine, ngakhale cha RSV yomweyo, ndipo pali tizilombo tina monga rhinovirus ndi fuluwenza timene jakisoniyu satikhudza. Ntchito yake yaikulu n'kuletsa kachilomboka kutsikira m'mapapo ndi mphamvu.

Nanga maganizo anu oti tidikire adwale? Apa ndichedwapo, chifukwa makolo ambiri amaganiza chomwecho ndipo zimamveka zanzeru: kubayiranji mwana wabwinobwino? Vuto n'lakuti antibody amagwira kachilombo kamene kali panja pa selo, kakufunafuna polowera. Pamene mayi akuona kuti mwana wabanika, kachilomboko kamakhala kataswana kale m'mapapo kwa masiku angapo. Chimene chikumutsamwitsa pa nthawiyo ndi kutupa, makhololo ndi zinyalala za maselo akufa, ndipo antibody sangachotse zimenezo. Madokotala anayesapo kupereka palivizumab ndi mnzake wina kwa makanda ogonekedwa kale. Sanachire msanga, sanatulukenso msanga. Nirsevimab anavomerezedwa ngati wopewera basi, ndipo mukadzafika kuchipatala ndi mwana wobanika n'kupempha jakisoniyu kuti amuchize, adzakukanizani, ndipo sadzakhala akulakwa.

Wodwala kale timamuchiza ndi chiyani tsono? Limeneli ndi funso limene limandilemera kuyankha usiku m'wodi, mayi akandigwira dzanja n'kufunsa kuti adokotala, mankhwala mumupatsa nthawi yanji. Mankhwala opha kachilomboka oti tingapatse khanda lililonse lodwala kulibe. Maantibayotiki sagwira tizilombo ta mtundu umenewu, timawapereka pokhapokha tikaona kuti mabakiteriya alowererapo. Mankhwala opopera a mphumu nawonso sathandiza makanda a bronchiolitis. Timachotsa mamina, timamuika pa oksijeni, timadutsitsa kachubu pamphuno kukafika m'mimba kuti mkaka wa mayi ake uzilowa iye osatopa ndi kuyamwa. Akalemedwa timamuika pa makina omuthandiza kupuma. Kenako timadikira kuti mapapo adzikonze okha. Ambiri amachira, inde, koma inu mwakhalapo kale pambali pa makina olira usiku wonse, mukudziwa mmene zimawawira. Nthawi yogwiritsa ntchito mankhwalawa ndi ino, mwana ali bwino.

Bambo a mwana akukumbukira zoona. Mu Novembala 2020 dziko la America linalola kuti ma monoclonal antibody awiri, casirivimab ndi imdevimab, azipatsidwa kwa odwala Covid, ndipo ndi omwe Donald Trump anapatsidwa atadwala mu Okutobala chaka chomwecho. Panabweranso ena monga sotrovimab. Amenewa analidi ochizira ndipo ankathandiza, makamaka akaperekedwa m'masiku oyambirira munthu asanafike pofuna oksijeni. Sanasiyidwe chifukwa chovulaza anthu. Kachilombo ka Covid kanasintha puloteni imene mankhwalawo ankakakamirapo, ndipo mtundu watsopano wa Covid wotchedwa Omicron utatulukira kumapeto kwa 2021 ambiri a iwo anasowa pogwira. Pofooka pa monoclonal antibody m'pamenepo, amadziwa malo amodzi okha. Kodi RSV singachitenso chimodzimodzi? Ingathe. Mu 2017 antibody wina wa RSV wotchedwa suptavumab analephera pa kafukufuku womaliza chifukwa mtundu wina wa kachilomboka, wotchedwa B, unali utasintha pamalo pamene iye ankagwira. Koma kachilombo ka RSV sikasintha mothamanga ngati ka Covid, pamalo pamene nirsevimab amagwira pasintha pang'ono kwambiri kwa zaka zambiri, ndipo malabotale m'mayiko angapo amayeza tizilombo ta ana odwala nyengo iliyonse kuti aone ngati zayamba kusintha. Mu Juni 2025 ku America anavomerezanso wina, clesrovimab, wogwira pamalo ena a puloteni yomweyo, choncho sitikudalira mmodzi yekha.

Apongozi anu musawaseke kapena kuwakalipira pafoni. Mantha awo ali ndi pochokera, ndipo pena ndi pa matenda omwewa. M'ma 1960 ku America anayesa katemera wa RSV wopangidwa ndi kachilombo kophedwa ndi formalin. Ku Washington ambiri mwa ana amene anayeseredwa anali a m'mabanja osauka a anthu akuda. Katemerayo anaphunzitsa thupi molakwika. Anawo atakumana ndi kachilombo kenikeni anadwala kwambiri kuposa osabayidwa, 80 pa 100 alionse amene anatenga matendawa anagonekedwa, ndipo awiri anamwalira. Tsoka limeneli linabweza m'mbuyo ntchito ya katemera wa RSV kwa zaka makumi ambiri, ndipo ndi chifukwa china chimene mpaka lero khanda silibayidwa katemera wa RSV. Amabaya mayi, kapena kulipatsa khandalo antibody wopangiratu. Ofufuza za nirsevimab ankaidziwa mbiriyi, moti anawatsatira ana mpaka chisanu chachiwiri, mankhwala atatha m'thupi, kuti aone ngati angadwale moposa anzawo. Sizinatero.

Ndiye muwauze mayi athuwo, mwaulemu, kuti kuyesera kunatha kale. Bungwe loona za mankhwala ku UK linavomereza nirsevimab mu Novembala 2022, la ku America mu Julayi 2023, ndipo makanda mamiliyoni ku Spain, France, America ndi kwina abayidwa kale. Chimene chaika mwana wanu pa mndandanda ndi masabata 30 aja, khungu lake silinawerengedwe, ndipo mwana wa mzungu amene anabadwa msanga ngati iyeyo akuitanidwanso chimodzimodzi. Zikanakhala za kafukufuku akanakupatsani chikalata chonena kuti ndi kafukufuku, n'kukupemphani kusaina, muli ndi ufulu wokana. Ine chimene chimandipweteka n'chosiyana ndi chimene apongozi akuopa. Ana amene akufa ndi RSV ndi a kwathu, ndipo mankhwalawa sakuwafikira.

Zovuta zake zilipo koma n'zochepa. Ana osakwana mmodzi pa 100 amatuluka totupa pakhungu m'masabata awiri oyamba, ena amatupa pobayapo, ena thupi limatentha pang'ono. Choopsa, chimene chimachitika mwa apo ndi apo kwambiri ndi mankhwala alionse a puloteni, ndi thupi kuwakana mwadzidzidzi: nkhope kapena milomo kutupa, kubanika, mwana kulefuka. Kawirikawiri zimenezi zimabwera posakhalitsa atabayidwa, choncho musathamangire basi, khalani kaye pachipatalapo kanthawi, ndipo zikachitikira kunyumba imbani 999, nambala yoitanira ambulansi. Auzeni anesi ngati mwana ali ndi vuto loti magazi saundana msanga, kapena ngati tsikulo wadzuka thupi likutentha. Kachimfine wamba si chifukwa chozengerezera. Jakisoniyu sasokoneza akatemera ena a m'buku lofiira lija la kusikelo, angathe kubayidwa tsiku limodzi. Amenewonso asawaphonye, makamaka wa chifuwa chokoka mtima, ndipo muziwerenga masiku kuyambira tsiku limene anabadwa, osati limene ankayembekezeka.

Abayidwe asabayidwe, zizindikiro muyenera kuzidziwa. Bronchiolitis imayamba ngati chimfine, imafika poipa tsiku lachitatu mpaka lachisanu, ndipo chifuwa chingapitirire masabata atatu. Mwana akagwidwa chimfine muvuleni malaya, mumuyang'ane pachifuwa, ndipo muwerenge mpweya kwa mphindi yathunthu ali phee. Akamapuma ka 60 kapena kuposa asanakwane miyezi 2, kapena ka 50 kuyambira miyezi 2 mpaka chaka, ndiye kuti akupuma mothamanga. Imbani 111, nambala ya malangizo a zaumoyo, kapena kaonaneni ndi GP, dokotala wa banja lanu, tsiku lomwelo ngati akuyamwa zosakwana theka la mmene amayamwira, ngati thewera lakhala louma maola 12, kapena thupi latentha. Kwa wobadwa masiku asanakwane ine ndimati madigiri 38 akwana. Imbani 999 osadikira kuti kuche ngati akubuula pa mpweya uliwonse, nthiti zikukoka kwambiri, akumasiya kupuma, walefuka kapena sakudzuka. Mapepala a kuno amati muone ngati mwana wasanduka buluu, koma pa khungu lathu zimenezo sizioneka msanga. Tsegulani kukamwa, muone lilime, nkhama ndi mkati mwa milomo. Zikatuwa kapena kuda, thamangani. Mukafika, mawu anu oyamba akhale akuti mwanayu anabadwa pa masabata 30.

Kunyumba kachilomboka kamabwera ndi manja ndi kuyetsemula, ndipo kamakhala maola angapo pa zogwirira zitseko, pafoni ndi pa zidole. Nthawi zambiri wobweretsa ndi mkulu wake wa ku sukulu ya mkaka, kapena mlendo woti ali ndi kachimfine chabe. Ife Amalawi kukabadwa mwana timabwera ndi mpingo wonse, ndipo aliyense amafuna amunyamuleko. Koma makolo athu omwewo ankasunga khanda m'chikuta, ndipo sikuti aliyense ankalowamo. Bwerekani mwambo umenewo chisanu chino. Wa chimfine adikire achire, wolowa asambe m'manja ndi sopo ndipo asamupsompsone kumaso, wosuta fodya asasutire m'nyumba kapena m'galimoto. Pitirizani kuyamwitsa. Ndikudziwa kuti kubweza amayi a mvano kapena azakhali pakhomo n'kovuta. Nenani kuti achipatala aletsa, chifukwa taletsadi.

Za ulendo wa Januwale, akabayidwa mu Okutobala chitetezo chidzakhala chikadalipo, ndipo chidzafunika chifukwa m'mayiko otentha RSV imakonda kuchuluka m'nyengo ya mvula. Koma pa ulendo umenewu chimene chikundidetsa nkhawa kwambiri ndi malungo. Januwale ndi mkati mwa dzinja, udzudzu uli ponseponse, mwana wanu alibe chitetezo cha malungo, ndipo mankhwala opewera amadalira kulemera kwake. Ngati anakhalitsa pa oksijeni, madokotala ake ayeneranso kuona ngati mapapo ake angapirire mpweya wa mu ndege, umene umakhala ndi oksijeni wocheperako. Mukaonane nawo musanagule tikiti. Akanakhala mdzukulu wanga ndikanati agogo ayambe amuona pa WhatsApp, mudzapite m'chilimwe cha mu Ogasiti, atakwanitsa chaka.

Kwa mng'ono wanu mwaganiza ndi mtima wa pachibale, koma musagule. Mankhwalawa amaperekedwa ndi achipatala, amafuna kukhala m'firiji pa madigiri 2 mpaka 8, ndipo sangayende m'chikwama kuchoka ku Leeds mpaka ku Zomba n'kufika ali bwino. Ku America mu 2023 jakisoni mmodzi ankagulitsidwa pafupifupi madola 500, ndipo wina akakuuzani pa intaneti kuti ali naye wotchipa, m'botolomo mulibe chimene mukufuna. Mlingo wake umadalira kulemera kwa khanda pa tsiku lobaya, ndipo wobayayo ayenera kukhala ndi zothandizira thupi likawakana. Nirsevimab sanalowe m'ndondomeko ya katemera wa ana ku Malawi. Khomo layamba kutseguka: mu Meyi 2025 bungwe la WHO linalangiza mayiko onse kuti ateteze makanda ku RSV, kaya pobaya mayi kapena popatsa khanda antibody, ndipo mu Julayi 2025 bungwe la Gavi linavomera kuthandiza mayiko osauka kugula katemera wa amayi oyembekezera. Mng'ono wanu azifunsa ku sikelo ya amayi oyembekezera.

Pakali pano zimene zili m'manja mwake n'zambiri. Asajombe ku sikelo, akachilire kuchipatala, ayamwitse mwakathithi miyezi 6, ndipo mwana alandire akatemera onse, kuphatikizapo wa chibayo amene anayamba ku Malawi mu 2011. Ameneyo sateteza ku RSV, koma amateteza ku mabakiteriya amene amatha kulowerera mapapo akafooka. Khanda lisakhale kumsana mayi akuphika m'khitchini yodzadza utsi, ndipo mbaula isalowe m'chipinda chogona. Zizindikiro n'zomwe ndakuuzanizi, mumuwerengere pafoni. Akaziona asayambire kugolosale kukagula Bactrim, apite kuchipatala.

Ndipo kumeneko thandizo lilipo. Ku Queen Elizabeth ku Blantyre madokotala, pamodzi ndi mainjiniya a ku Rice University ku America, anakonza makina otchipa othandiza makanda kupuma otchedwa Pumani, amene anafalikira m'zipatala zambiri za boma. Ndi kabokosi kopopa mpweya, timachubu tiwiri ta m'mphuno, ndi botolo la madzi limene limangobwata mwana akamapuma. Ndaona makanda amene anafika atalefuka akuyambanso kufunafuna bere atakhala masiku ochepa pa makina otere. Amene sathandizika ndi amene afika mochedwa, ndipo kawirikawiri chowachedwetsa chimakhala thiransipoti ya usiku. Ndalama imene mukanagulira jakisoni mumutumizire aisunge payokha, osaikhudza, ndipo apezeretu nambala ya wa njinga yamoto kapena wa galimoto amene angadzuke pakati pa usiku akamuimbira.